Mwana wa Mkazi Woipa wa pa Kanema

"Yaretzi, amako abweza liti khanda la eni?"

Anafunsa ndi Ulises, mnyamata wa mano otalikirana amene ankakhala kumbuyo kwa kalasi. Onse anafa nalo phwete. Yaretzi anangowerama n'kumalemba ngati sanamve.

Dzulo lake madzulo, mzinda wonse wa Mexico unaonerera amayi ake, Mayi Griselda Ontiveros, atavala ngati namwino, akuzemba m'chipatala ndi khanda la mkazi mnzawo m'chikwama. Linali sewero la pa kanema. Kwa zaka zambiri ntchito yawo inali yomweyo: kulanda amuna a eni, kuthira poizoni m'khofi wa apongozi, kukankha anthu pamasitepe. Anali ndi nsidze zokwera ndi mawu okhuthala, ndipo akuluakulu a masewero akangowaona ankati woipa wapezeka.

Vuto linali loti anthu ena sankasiyanitsa sewero ndi moyo. Loweruka lina kumsika, mayi wogulitsa tsabola anavindikira katundu wake ndi nsalu.

"Inu sindikugulitsani. Khanda loti mchombo sunagwe n'komwe, mulibe chisoni?"

"Dikirani Lachisanu, mayi," anayankha Mayi Griselda akuseka. "Zimene ndichite tsikulo, tsabola ameneyu mudzandithira m'maso."

Yaretzi anasuntha n'kuima patali ngati sali limodzi. Pobwerera amayi ake anamugunda ndi chigongono.

"Wakwinya chiyani? Akamandida ndiye kuti ntchito ndaigwira. Nsapato wavalazo anakugulira ndi matemberero amenewa."

Tsiku la Amayi, pa 10 Meyi, linali pafupi. Monga mwa chaka chilichonse, sukulu inkakonza chikondwerero pabwalo. Kalasi ya Yaretzi, yomwe inali m'chaka chomaliza pasukulupo, inkaphunzira gule wa ku dera la Jalisco, wa masiketi akuluakulu a maliboni. Gule akatha, aphunzitsi amaitana dzina la mayi aliyense pachimkuzamawu, mwana n'kupita kukapereka duwa pampando wa mayi wake. Apa ndi pamene mtima wa Yaretzi unkathawira. Ankaona kale azimayi onse akutembenuka, ena akutsonya, Ulises akufuula kuti bisani ana.

M'mawa wina akumwa phala la chimanga, amayi ake anati, "Dzulo anaimba a Zepeda."

Yaretzi ankawadziwa a Zepeda. Anali mkulu wa pulogalamu ya m'mawa ya pa kanema, ija oulutsa amakhala pasofa, kucheza ndi alendo, kulawa zophika ndi kuwerenga moni wa oonera. Amayi ake anailakalaka ntchitoyo kuyambira kale. Ankati akufuna tsiku lina anthu adzawaone akuseka ndi dzina lawolawo, m'manja mulibe botolo la poizoni.

"Woulutsa mmodzi wachoka. Akufuna kundiyesa pa 10 Meyi. Ndikachita bwino, malowo ndi anga."

"Ndiye mwavomera?"

"Ndakana."

"Amayi, bwanji?"

"Zaka zonsezi ukuvina ine ndili kojambula, kumenya anthu makofi. Chaka chino n'chomaliza. Ndikufuna ndione ngati miyendo yakoyo ili ndi ntchito ina kupatula kuthawa mbale."

Yaretzi akanatha kunena pomwepo zomwe zinali kukhosi kwake, koma anangotola chikwama n'kupita kusukulu. Masiku anapita akusinkhasinkha. Kutatsala pang'ono kuti tsikulo lifike, anapeza bodza, ndipo anadziuza kuti n'lothandiza onse awiri.

"Amayi, chikondwerero chija achiimitsa. Paipi yaphulika, bwalo lonse alikumba."

Mayi Griselda anasiya kutsuka kapu. "Achiimitsa mpaka liti?"

"Sananene. Bwanji muwaimbire a Zepeda?"

Anapukuta manja, n'kuimba pomwepo. Yaretzi ankangomva mbali imodzi. "Eya. Ndamva. Dafne? Ayi, ndi mtsikana wabwino, achita bwino. Ayi, musadandaule, wolakwa ndine." Anaika foni pathebulo, n'kubwerera ku kapu ija ngakhale inali itayera kale.

"Malo apatsa wina," anatero osatembenuka. "Basi, tsikulo ndigona mpaka dzuwa lindiwotche."

Tsikulo Yaretzi anatuluka atavala yunifolomu, n'kukasinthira kusukulu. Pabwalo anali atakoka chinsalu chotchinga dzuwa, mipando itandandalikidwa, uliwonse ndi kapepala ka dzina. Azimayi anabwera atatchena, ena atathawa kuntchito, ena ndi agogo ndi makanda. Gule anayenda bwino. Siketi ya Yaretzi inkatambasuka n'kupindika mmene aphunzitsi ankafunira, sanaphonye ngakhale kamodzi. Koma nthawi iliyonse akazungulira, maso ake ankagwera pampando wopanda munthu pamzere wachiwiri.

Kenako aphunzitsi a Barragán anayamba kuitana mayina. Atafika pa "Mayi Griselda Ontiveros," azimayi anatembenukadi, makosi m'mwamba, ena mafoni ali chire. Palibe anatsonya. Yaretzi anayenda ndi duwa lake lofiira mpaka pampando uja, n'kuima. Aphunzitsi anaitananso dzinalo, kenako anapitirira.

Mayi wina wonenepa, wa mano otalikirana, anamukoka siketi.

"Iwe mwana, amako ali kuti? Ine ndachita kukonzetsa tsitsi kuti ndijambulitse nawo."

"Atanganidwa."

"Ayi, zandiwawa. Ine ndimawatukwana madzulo aliwonse mpaka amuna anga amatseka mawindo, koma sindiphonya. Popanda iwo aja sewero lija ndani angalionere? Ulises, si mnzako uyu? Um'patse moni wanga apititse."

Ulises, amene anali atakoleka mkono m'khosi mwa amayi akewo, anayang'ana mpando uja, n'kuyang'ana Yaretzi. Yaretzi anasiya duwalo pampando n'kupita kukavula.

Atafika kunyumba anamva nyimbo ya gule uja asanatsegule n'komwe chitseko. Amayi ake anali pasofa, atavala mkanjo wogonera, kumaso osadzola kanthu. Foni inali pamiyendo pawo, ndipo m'menemo atsikana ang'onoang'ono ankazungulira ndi masiketi.

"Amayi a mnzako Citlali anditumizira," anatero. "Akufunsa ngati ndikudwala. Paipi ija aikonza msanga, eti?"

Yaretzi anaima pakhomo, chikwama chili kumsana. Misozi inayamba yokha.

"Usalire. M'nyumba muno wolira ndine, ndipo ndimalira akandilipira. Khala pansi, undiuze."

Anawauza zonse: za Ulises, za kumsika, za mantha a chimkuzamawu. Anawauzanso za mayi wokonzetsa tsitsi uja. Mayi Griselda anamvetsera osamudula.

"Ukanandiuza tsiku la phala lija kuti Amayi, ndimachita nanu manyazi, zikanandipweteka, koma ndikanapita kwa a Zepeda. Kapena ndikanavala chipewa n'kukhala kumbuyo. Ine kunama ndi ntchito yanga, mwanawe, koma aliyense amadziwa nthawi imene bodza langa limayamba ndi imene limatha. Iwe sunandiuze kuti tili m'sewero."

"Pepani, Amayi. Mwina a Zepeda..."

"Dafne am'lemba. Analengeza pulogalamu isanathe. Ndinaonera yonse, amaseka bwino mwanayo."

Kunja wogulitsa matamale, chakudya cha chimanga chokulunga m'makoko, ankadutsa akuitanira malonda.

"Siketi ili m'chikwamamu," anatero Yaretzi motsitsa mawu. "Ndingathe kukuvinirani pano."

Amayi ake anamuyang'ana nthawi yaitali. Kenako anadzuka, nakankhira thebulo kukhoma, n'kukhalanso.

"Vala. Koma usaganize kuti nkhaniyi yatha."

Yaretzi anavina ndi nyimbo ya pafoni ija, yosamveka bwino, yosakanikirana ndi phokoso la anthu a pabwalo. Chipinda chinali chaching'ono. Akatambasula siketi inkakwapula kabati, ndipo pamene panayenera kukhala mnyamata wovina naye panali firiji. Anavinabe mpaka kumapeto, n'kuima akupuma mwabefu. Mufoni muja anthu anayamba kuwomba m'manja, aphunzitsi n'kuyamba kuitana mayina.

Mayi Griselda anathimitsa foniyo dzina lawo lisanafike.

"Umatha," anatero. "Pakati pa anthu zikanakoma."

Anadzuka n'kupita kukavala. Galimoto ya kuntchito inali itaima kale panja, ndipo masanawo anali ndi mpongozi wina woti akam'thirire poizoni.