Zikhomo za Agogo

Aphunzitsi atauza ana a Folomu 2 kuti alembe mbiri ya msewu waukulu wodutsa kuseri kwa sukulu, Tsabola anadziwa kuti mphoto ndi yake. Agogo ake aamuna ndiwo anali kapitawo pomanga msewuwo. Lachinayi Tsabola anaima kutsogolo kwa kalasi n'kuwerenga momwe msewu umachokera ku tauni ya njanji, kukwera phiri, kuwoloka milatho itatu mpaka kukafika ku tauni ya m'malire.

"Pafupi ndi sukulu yathu, msewu unakhota pothawa thanthwe," anawerenga motero.

"Thanthwe lake liti?" anafunsa mtsikana wa kumbuyo, yemwe anzake ankamutcha Msomali chifukwa cha kuonda. "Unaliona ndi maso ako?"

"Khala chete, iwe wogona m'chisakasa," anatero Tsabola.

"M'chisakasamo anatiikamo ndani? Ukafunse kapitawo wakoyo."

Aphunzitsi anamenya tebulo ndi rula, n'kunena kuti Tsabola adzamalize mawa.

Kunyumba Tsabola anapeza agogo ali pakhonde, akusoka nsapato yawo ndi waya.

"Agogo, thanthwe limene msewu unathawa lili pati?"

"Wakutuma ndani?"

"Palibe."

Agogo anaseka, mano awiri okha akuoneka. "Thanthwelo ndi nyumba ino. Oyeza malo anakhoma zikhomo zawo kudutsa pabalaza pathupa. Atapita kukadya, ndinazizula n'kukazikhoma cha uko. Thalakitala imatsata zikhomo, siifunsa mafunso."

"Cha uko kunali chiyani?"

"Nyumba ya mayi wina wamasiye, ndi timitengo take ta mango."

"Agogo ake a Msomali?"

"Kaya. Ukanakonda kuti igwe yathu? Chipinda chakocho bwenzi mukudutsa malole. Zimenezi usakazitchule kusukulu, wamva? Ukangoyerekeza, moni wako sindidzayankhanso."

Tsabola analowa m'chipinda chake n'kukhala pabedi, maso ali pakhoma losalala bwinolo. Patapita kanthawi anang'amba tsamba lachiwiri la mbiri ija n'kuyamba kulemba lina.

M'mawa mwake anawerenga za zikhomo, osadumpha mzere. Atamaliza, mnyamata wina anati, "Ndiye kuti ndiwe mdzukulu wa mbava," ena n'kuseka. Mphoto inapita kwa amene analemba za milatho.

Pa nthawi yopuma, Msomali anamupeza pampopi.

"Ukuganiza kuti ndikuthokoza?"

"Ayi."

"Nyumba yathu sinabwerere."

"Ndikudziwa."

Msomali anamwa madzi, n'kupukuta pakamwa ndi dzanja. "Sinali mitengo ya mango yokha. Panalinso mapeyala awiri ndi khola la mbuzi. Ngati ukulemba, lemba zonse."

Tsabola anatulutsa cholembera m'thumba, n'kulemba pompo, kope atalitsamiritsa pabondo.

Ataweruka anafika pakhonde, n'kugwada monga mwa masiku onse. "Mwaswera bwanji, agogo?"

Agogo anatembenuza mpando wawo, n'kuyang'ana kumsewu.