Mapazi M'chipinda cha Jabez

Chimwalirireni Jabez, matabwa a chipinda chapamwamba anali asanalirepo. Lolemba m'mawa analira. Keziah, mkazi wa malemuyo, anasiya ulusi umene ankapota. Mapazi olemera, kuchoka pabedi kukafika pazenera, ndendende mmene ankayendera mwamuna wake.

"Amayi, kumwambaku kuli ndani?"

Apongozi ake, mayi Tilden, anapitiriza kucheka buledi. "Mlendo. Bwanamkubwa akufuna pogona asilikali a mfumu ya ku Mangalande. Ine ndavomera."

"Msilikali wa jekete lofiira, pabedi la Jabez? Mzinda wonse wa Boston ukuwatsekera zitseko, inu mwachita kukamutola nokha?"

"Nyumba ino ndi yanga."

"Mwana wanu analumbira pagulu kuti kanthu ka ku Mangalande sikadzalowa muno mpaka msonkho uchoke. Inu mwalowetsa munthu wathunthu, ndi mfuti yomwe."

Mayi Tilden anaponya mpeni patebulo. "Lumbiro lomwelo linandimana nsalu yakuda. Unamuika mwana wanga ngati galu, Keziah. Zovala zamaliro ayi, magolovesi ogawira olira ayi. Kansanza pamkono basi."

"Ananena yekha ali gone. Nsaluzo amagulitsa ndi omwe akutikamawa."

"Ananena, inde. Nanga ine womubala anandifunsa?" Misozi inatsika m'makwinya a nkhope yawo. "Miyezi isanu ndakhala ndikutchera khutu kudengaku, kuli zii. Lero ndamva munthu akuyenda. Ndisiye ndimve."

Keziah analira naye, koma sanafewe. "Atuluke iyeyo, apo ayi ndituluka ine. Sankhani."

Pomwepo msilikali uja anatsika, bambo wa imvi, chipewa chili kumanja. Mayi Tilden anapukuta maso msangamsanga, n'kukoka mpando.

"Bwera udye, Jabez."

"Ndine Dunne, mayi."

"Khala pansi, Jabez, buledi angaume."

Msilikaliyo anayang'ana Keziah ngati wopempha chithandizo. Kenaka anayang'ana bulediyo, n'kukhala.

Keziah anadikira kuti apongozi ake amucheukire. Sanacheuke. Keziah anamanga zovala zake, n'kusenza chopotera ulusi. Ali pakhomo anamva mayiwo akunong'oneza mlendo wawo mwachikondi:

"Usadandaule naye, mwana wanga. Ine sindinamufunepo chiyambire."

Keziah anamenyetsa chitseko.