Nyimbo ya Mayi Esteri Kuseri kwa Khoma

Agalu a m'malaini a nyumba za antchito a pa esiteti ya tiyi anayamba kuuwa dzuwa likangolowa, onse mphuno zitaloza khomo la a Jailosi, amene akazi awo, mayi Esteri, anali atangoikidwa m'manda.

Tamanda, yemwe ankagona m'chipinda chogundana ndi chawo, sanazilabadire. Anali wojambula mafilimu payekha, wopanda bwana, wopanda womuthandiza, ndipo filimu yakeyo inali yachilendo: munalibe wofotokoza, munali manja okha othyola tiyi, nkhungu ya m'phiri, ndi nyimbo ya Chilomwe imene mayi Esteri anamuimbira asanadwale. Zaka zinali zitamuthera pa ntchitoyi. Msana unkawawa, mahedifoni nawonso anali atafa, moti madzulo ankangotsegula sipika n'kumabwereza nyimboyo mpaka tulo titamugwetsa.

Mphekesera zinayambira pamjigo. Ati malemu akuimba. Ati a Jailosi asiya kudya, akungokhala pamphasa maso ali kuchitseko. Usiku wotsatira ana analetsedwa kutuluka. Kenaka amayi a mpingo anadzapemphera, koma ayi ndithu, nkhalambayo inkangofota ngati chigwada padzuwa.

Tamanda anazimva mochedwa, akugula matemba pamsika wa Chinakanaka. Mayo ine! Manyazi ndi chisoni zinamugwira pamodzi. Anakagogoda kwa a Jailosi laputopu ili m'manja.

"Agogo, pepani," ananong'ona atagwada. "Mawu amene mumamva aja ndi awa."

Nyimbo inadzaza kachipinda kamdimako, konunkha utsi ndi mankhwala. A Jailosi anamvetsera mpaka kumapeto.

"Iyi ndimaidziwa, mwanawe, ndi makina ako," anatero motsitsa. "Koma iwe ukazimitsa n'kugona, m'pamene iwo amayamba. Amandiitana panja, ponditchula dzina."

"Dzina?"

"Eya. Ukwati wathu wonse mayi aja sananditchulepo dzina, ankangoti 'abambo'. Mkazi wa kwathu satero. Tsopano akuti 'Jailosi'."

Tamanda anatseka laputopu. Anaganiza kuti nyimbo yakeyo ndiyo inkadzutsa malemuwo. Filimu popanda nyimboyo inali gaga chabe, ankadziwa. Anakhala nthawi yaitali chala chili pamwamba pa batani, atatopa mpaka m'mafupa, kenaka anaifufuta paliponse, ndi mu fulashi momwe. Bola munthu akhale ndi moyo.

Madzulo amenewo kunali zii. Kunkangomveka nkhululu, ndi kamphepo kozizira kotsika m'phiri kakugwedeza malata. Tamanda anadziponya pamatiresi osavula nsapato.

Ndiye kuseri kwa khoma mphasa inachita khwekhwerere, ndipo a Jailosi analankhula, mawu opepuka ngati a munthu wochira.

"Ndamva, mayi, ndamva. Ndinkakanira kuno chifukwa cha kanyimbo kanu kaja. Poti lero sikanaimbe, ndikubwera."

Chitseko chinalira. Tamanda anatuluka akufuula kuti aitsegulanso nyimboyo, a Jailosi adikire pang'ono, koma m'makina munalibenso choti n'kutsegula, ndipo m'mizere ya tiyi simunayankhe munthu.