Mboni ya Wadzulo

Anakumana pasiteji ya basi, mvula ikuwaza. Telala ankatseka zenera la shopu yake pamene mnyamata wina anatsika basi yopanda nambala, atavala buluku lotambalala kumapazi ngati siketi, chipeso chikusuzumira m'thumba la malaya.

"Pepani chemwali, nyumba ya kanema inali apa ija yapita kuti?"

"Kanema? Anaigwetsa amayi anga ali kamwana!"

Mnyamatayo anangoti khwithi, kukhala pansi pamatope. Apo telala anadziwa kuti uyu ndi wadzulo, mmodzi wa anthu aja amakwera basi chaka china n'kudzatsika zaka zambirimbiri zitadutsa, nkhope ikadali yomweyo.

Anthu otere ali ndi khoti lawolawo, ndipo lamulo lake ndi lalifupi koma lowawa. Zakale zonse za wadzulo, kaya ukwati kaya nyumba, khoti siliziwerengera. Limati zinatha tsiku limene abale anamulira maliro. Kuti akhale, pafunika munthu wa lero, amene sankamudziwa kale, aimirire pamaso pa woweruza n'kunena kuti, "Uyu ndi wanga." Wonena mawuwo sakwatiwanso kwina mpaka wadzuloyo atamwalira. Akasowa womunenera, amamukwezanso basi ija. Ndipo basiyo sibwerera m'mbuyo.

Podikira mlandu, Wadzulo anapeza ntchito yometa, khoma limodzi ndi shopu ya telala. Foni anaiphunzira movutikira, ndipo uthenga uliwonse ankauyamba ngati kalata:

"Wokondedwa duwa langa, ndikhulupirira uli bwino, ine kuno ndili bwino. Cholinga cha uthenga uno n'chakuti ndakusowa."

Telala ankaseka mpaka kudzibaya ndi singano. "Uli kuseri kwa khomali, iwe! Bwanji osangogogoda?"

Akaweruka ankamuperekeza. "Shuga wanga, dziko lonse linandithawa, koma iwe ndinakupeza. Ndikakusiya ndilowera kuti? Sindidzakugwetsa msozi, ndikulumbira!"

Achemwali ake a telala sanakondwe nazo.

"Iwe, amuna atha m'tauni muno kuti uzikatola anzawo a agogo? Wamufunsa kuti kumene akuchokerako anasiyako ndani?"

"Akuti anali yekha."

"Onse amatero, adzulo ndi alero omwe."

Koma ndani amamva malangizo mtima uli pa gule?

Mawa lake kuli mlandu, telala anamaliza kusoka malaya oyera oti wokondedwa wake akavale kukhoti. Atapita nawo kometera anapeza mpando uli wokha.

"Masana alionse amapita kuchipatala, kuwodi ya amayi," anatero mwini malowo. "Ndimayesa mukudziwa."

Anamupeza pabedi lomalizira, pafupi ndi zenera, akupesa imvi za gogo wina wowonda, pang'onopang'ono ngati akuopa kuti zithothoka. Telala anaima kuseri kwa katani.

"Bambo, mtsikana uja wavomera?" anafunsa gogoyo.

"Wavomera, mkazi wanga. Mawa akandinenera."

"Mumamukonda?"

Chipeso chinaima.

"Ndimamumvera chisoni."

"Ndiye mwachimwa," anatero gogoyo uku akutsokomola. "Ine ndinakudikirani mpaka mano kutha, koma kunali kufuna kwanga. Mwana wa eniyo mwamuuza zoona?"

"Ndikamuuza akana. Akakana andikweza basi, ndipo ndikadzatsika, ngakhale manda ako sindidzawapeza. Ndinakusiya kamodzi ndikukagula mankhwala a mwana. Kachiwiri ayi!"

Telala anatuluka m'chipatalamo. Shuga wanga! Duwa langa! Kodi mawu onse aja anali makwerero chabe? Ali panjira foni inalira: "Wokondedwa duwa langa, ndikhulupirira uli bwino." Anayang'ana mpaka zilembo zinasungunuka m'misozi. Kunyumba anagwera pamiyendo ya achemwali ake n'kuwauza zonse.

Khoti lake linali kachipinda kotentha, mabenchi ogwedera, fani ikulira koma yosapereka mphepo. Kumbuyo kwenikweni kunali gogo uja panjinga ya odwala, namwino ataima pambali pake.

"Alipo munthu wa lero womunenera ameneyu?" anafunsa woweruza.

Wadzulo anatembenuka, maso akupempha. Telala anayang'ana gogoyo: milomo yake inkayenda popanda mawu.

Telala anaimirira.

"Khala pansi, chitsiru iwe!" Achemwali anamukoka siketi, koma telala anakweza mawu:

"Uyu ndi wanga."

"Mayi, mukudziwa chimene mukudzimangirira?"

"Ndikudziwa zonse, bwana woweruza." Anayang'ana Wadzulo m'maso. "Zonse."

Wadzulo anazolika.

Panja Wadzulo anathamangira telala. "Duwa langa, ndimvere kaye..."

"Usadzanditchulenso choncho."

"Nanga wandineneranji, ukudziwa kuti ndinakunamiza?"

"Sindinanenere iwe. Pita, akukudikira. Adikira kokwanira."

"Nanga iweyo?"

"Ine? Khoti lati ndiwe wanga." Anaseka, misozi ikutsikira m'kamwa. "Ndiye ndakubwereketsa kwa agogowo. Ukawasamale bwino, ndipo akadzapita usadzandifunefune."

Wadzulo anakagwira njinga ija n'kuyamba kukankha. Pokhota pageti gogo anatembenuka, nakweza dzanja lake. Telala anayesa kukweza lake, koma linakana.

"Tiye kwathu, mng'ono wanga," anatero achemwali, mawu atafewa. "Kuno wamaliza."