Kimchi wa pa Ubatizo wa Dagny

Yerim anatsegula firiji Loweruka m'mawa n'kupeza kuti pamalo pa mtsuko wake wa kimchi pali mbale ya nsomba ya apongozi ake. Anasuzumira paliponse, mtsuko osaoneka.

Mawa lake unali ubatizo wa mwana wake Dagny, ndipo alendo amayenera kudzadyera kunyumba kwawo mumzinda wa Aarhus. Yerim, mkazi wochokera mumzinda wa Daegu, kudziko lina lakutali, wokwatiwa ndi Troels, anafuna kutsegulira phwandolo ndi tizidutswa ta buledi wakuda wowotcha, pamwamba nsomba yowamba, nkhaka ndi kimchi, kabichi wa tsabola wakwawo uja. Mchere anauchepetsa dala chifukwa apongozi aamuna, a Ejnar, magazi amawathamanga. Tsabolayo anatumiza ndi mayi ake, amene miyendo inawakaniza ulendo wa pandege.

Apongozi aakazi, a Bodil, anali patebulo akupinda tinsalu topukutira kukamwa.

"Amayi, mtsuko wanga mwauonako?"

"Ndinataya dzulo iwe uli kusikelo. Firiji yonse imanunkha, mwanawe. Tidya nsomba yamchere ndi batala, monga pa ubatizo wa Troels."

Yerim sanakuwe. Mphamvu zokuwira analibe, poti mwana anali akumera mano ndipo tulo tinali titasowa m'nyumbamo. Anangotembenukira kwa mwamuna wake, amene ankathira khofi ngati sakumva.

"Bambo a Dagny, mwamva?"

"Ndi kabichi chabe, Yerim. Tisayambe lero."

"Kabichi chabe." Anavula epuloni pang'onopang'ono n'kuiyala pampando. Misozi inayamba kutsika yokha. "Dzina la mwana munasankha inu. Tchalitchi n'chanu, diresi la ubatizo ndi la agogo anu, alendo onse ndi abale anu. Chochokera kwa mayi anga chinali chimodzi chokha, ndipo chili m'bini. Ndiuzeni, kodi mwanayu ndinangokuberekerani?"

"Taona, wayamba kulira," anatero a Bodil. "Ine ndimangofuna kuthandiza."

"Mwathandiza zaka zonsezi, amayi. Mumatsegula chitseko ndi kiyi wanu, mumasuntha miphika yanga, mumandiphunzitsa kunyamula mwana wanga. Ndatopa. Phikani nokha."

Anabereka Dagny, n'kumenyetsa chitseko mpaka zithunzi zapakhoma zinagwedera.

Troels anakamupeza pamalo odikirira basi, mphepo ikumukwapula, mwana ali mtulo kumsana. Anakhala pambali pake.

"Ukupita kuti?"

"Sindikudziwa. Kwathu n'kutali, basi safikako."

"Tabwerera, chonde. Amayi ndi mmene alili."

"Inunso ndi mmene mulili, n'chimene chandilemera. Amayi anu sanandilonjeze kanthu. Amene munalonjeza pamaso pa mayi anga kuti sindidzakhala mlendo m'nyumba mwanga ndinu."

Troels anawerama. Basi inabwera, inatsegula zitseko, n'kupita. Kenako anadzuka nabwerera kunyumba yekha. Yerim anatsatira chapatali, ndipo ali pakhonde anamva mawu a mwamuna wake m'nyumba.

"Amayi, mwalakwa. Inenso ndalakwa koposa inu. Mawa mubwere ngati alendo, ndipo kiyiyo mudzatisiyire."

"Ukundithamangitsa chifukwa cha ndiwo?"

"Ayi, chifukwa cha mkazi wanga."

A Bodil anatuluka chikwama kukhwapa, namudutsa Yerim osamuyang'ana.

Madzulo Yerim ndi Troels anaima limodzi m'khichini. Kimchi wowawasa amafuna masiku, choncho Yerim anapanga wa tsiku lomwelo ndi tsabola wotsala. Troels ankadula nkhaka mokhotakhota, maso akulira ndi anyezi. Yerim anamuona, koma sanamukonze.

Mawa lake atabwerako kutchalitchi, mbale zinazungulira. A Ejnar anadya kachidutswa, anatsokomola, natenganso kena.

"Ichi dokotala sangandikalipire," anatero akupukuta thukuta. "Bodil, talawa. Moto wake ukudzutsa akufa!"

A Bodil anakhala kumapeto kwa tebulo manja ali pamiyendo. Alendo atatuluka kukajambulitsa ndi mwana, analowa m'khichini momwe Yerim ankasonkhanitsa matambula. Anaika kiyi pafupi ndi sinki.

"Sindinadziwe kuti tsabolayo anatumiza ndi amayi ako," anatero motsitsa mawu.

"Simunafunse, amayi."

Mayiyo anayang'ana mbale. Munatsala kachidutswa kamodzi, buledi atayamba kale kufewa. Anakatola, anatafuna pang'onopang'ono, m'maso mukulengeza misozi.

"Zikuwawa," anatero.

"Eya, zimawawa," anayankha Yerim. Anawathirira madzi m'tambula, nawakokera mpando, iyenso n'kukhala pansi koyamba tsiku limenelo.