Kamera Imene Sinasambe Pochoka Kumanda

Chimene Tisiyenji anayamba kuchiona chinali chaching'ono. Madzulo mwamuna wake, Hopeson, anaimika kamera pakona ya chipinda pa miyendo yake itatu, diso lake litaloza kukhoma. Kutacha, diso lija linali litaloza pamphasa pomwe pankagona khanda lawo, Lilian.

"Bambo a Lilian, kodi mwaitembenuza ndinu?"

"Ine ndi tulo tanga tija? Mwaigunda nokha popita panja."

Hopeson ntchito yojambula kanema anaiphunzira ponyamula zikwama za a Abrahamu a pa Nsaru, bambo wamfupi kwambiri amene sankaseka akagwira kamera. Anayamba ndi maukwati ndi makwaya, mpaka anafika poitanidwa ku Lilongwe kukajambula masewero a pa wailesi ya kanema. A Abrahamu atamwalira anamusiyira kamera yawo, ndipo maliro awo anawajambula ndi kamera yomweyo. Pochoka kumanda anthu onse anasamba m'manja ndi kumapazi m'madzi a mankhwala, makasu nawo anatsukidwa. Kamera yokha ndiyo inalowa m'nyumba ya khanda osasamba, poti ndani angathire madzi chinthu chotere?

Sabata yomweyo Lilian anayamba kutsokomola ndi kuyamwa monyinyirika. Hopeson anati ndi chimfine cha fumbi, chitha chokha. Koma pamjigo amayi ankanong'onezana kuti chinthu chija chinayang'ana m'dzenje la manda, tsono chikuyang'ana mwana. Ena ankati mwini wake akuchifuna.

Usiku wotsatira mphepo itasiya kugwedeza malata, nkhululu nazo zitatonthola, Tisiyenji anamva kaphokoso kochepa, kwiii, ngati chitseko chimene munthu akutsegula mosafuna kudzutsa anzake. Mumdima umene sankaona ngakhale dzanja lake, pakona paja panayaka kanyali kofiira ngati khala.

"Dzukani," ananong'ona. "Yayaka."

Mmene Hopeson ankapeza tochi, kanyali kanali katazima. Anachotsa batire naliika pansi pa pilo, nagona atalitsamira.

M'mawa batire linali pomwepo. Koma kamera inali itasendera pafupi ndi mphasa, miyendo yake itafupikitsidwa, diso litawerama. Mwana thupi linali litatentha.

"Ituluke lero," anatero Tisiyenji, misozi ili m'maso. "Apo ayi, ine ndi mwana tikupita kwathu ku Nambuma, akatipezere wodziwa zitsamba."

"Mayi a Lilian, ikatuluka tidya chiyani? Dikirani kaye. Ngati inayaka, pali chimene inajambula."

Anasolola kakhadi kosungira zithunzi m'kameramo nakaika mu laputopu. Pambuyo pa zithunzi za maliro panali kanema wina amene iye sanajambule. Poyamba munali mdima wokhawokha ndi kupuma kwa anthu ogona. Kenako, m'kuwala kofooka kosadziwika kochokera, munaoneka mapazi a mwana. Chithunzi chinakwera pang'onopang'ono, osagwedera ngakhale pang'ono, kudutsa mawondo ndi mimba, n'kuima pachifuwa. Apo chinayandikira mpaka chifuwa chinadzaza galasi lonse. Pamene mwana ankakoka mpweya, khungu la m'munsi mwa nthiti linkalowa mkati kwambiri, mofulumira, ngati la kambalame kogwidwa m'manja. Masana izi sankaziona, chifukwa mwana ankakhala wofunditsidwa.

Tisiyenji anagwira pakamwa. "Kusikelo anatiuza za zimenezi. Anati nthiti zikamatero, osadikira."

Hopeson ankamvetsera zina. Kanema atatsala pang'ono kutha, pafupi penipeni ndi kamera, lilime la munthu linalira, tcha.

"Ndi mmene ankachitira a Abrahamu," anatero motsitsa mawu. "Chithunzi chikawakhalira bwino. Ndipo kuyambira kumapazi kukwera m'mwamba, ndi iwo okha."

Anaima pafupi ndi kamera ija. Inkamulekeza pachifuwa, pomwe pankalekeza maso a a Abrahamu.

Sanakambenso za Nambuma. Anakwera njinga yamoto ya kabaza, mwana ali kumbuyo kwa mayi ake, mpaka kuchipatala cha Kabudula. Adokotala atamuvula kamalaya ndi kumuyeza anati ndi chibayo, ndipo anamugoneka pomwepo.

"Mwachita bwino kufulumira. Anakuuzani ndani kuti muyang'ane nthiti?"

Awiriwo anangoyang'anana.

Lilian atatuluka m'chipatala, Hopeson anabwera ndi kansalu konyowetsedwa m'madzi a mankhwala kuti apukute kamera, monga anamulangizira akuluakulu. Tisiyenji anamugwira dzanja.

"Isiyeni choncho."

"Si inu munkati ituluke, eti?"

"Ndati isiyeni."

Mpaka lero Hopeson akabwera kojambula amaimika kamera pakona pomwe paja, diso kukhoma, batire m'chikwama. Masiku ambiri kumacha ili momwemo. Koma Tisiyenji tulo take n'topepuka, ndipo akamva kwiii mumdima, sadzutsanso mwamuna wake. Amayatsa tochi, n'kuvundukula mwana.