Lachisanu Limene Octave Sanayende Mchenga

Mkuntho unawomba masiku atatu, ndipo Loweruka m'mawa Octave Lenoël anali ndi alendo awiri oti awawolotse pamchenga kuchokera ku Genêts kupita ku Phiri la Mikayeli Woyera, limene limazunguliridwa ndi madzi nyanja ikadzaza. Anali bambo Delcourt, dokotala wa mano wa ku Lille, ndi akazi awo a Huguette. Ukwati wawo unali utakwanitsa zaka makumi atatu, ndiye amati akondwerere poyenda m'mene nyanja yaphwa, ngati amwendamnjira akale opita kukapemphera. Anthu a m'tauni ndi otero. Chimene agogo athu ankachita akulira, iwo amachita akuseka.

Owolotsa alendo ali ndi lamulo limodzi losalembedwa. Mkuntho ukadutsa, usanatenge munthu umayamba wapita wekha kukayenda mchenga, kuti uone kumene mitsinje yasamukira, pakuti mitsinje ya kumeneko sigona pamodzimodzi. Octave anasunga lamuloli zaka makumi anayi ndi chimodzi. Lachisanu limenelo sanapite. Bondo lake lakumanja linali litatupa ngati dzungu, ndipo anadziwa kuti akayenda Lachisanu, Loweruka sadzuka. Anaswera m'nyumba makatani ali chitsekere, kuti odutsa aziyesa kuti ali kumchenga.

Za bondolo sanauze munthu. Ku Genêts ukangotsimphina kamodzi, anzako amayamba kugawana alendo ako iwe ukadali moyo.

Pagombe anapeza Ghislaine, mwana wa mlongo wake, mayi wa zaka makumi anayi amene Octave anamuphunzitsa yekha ntchitoyi. Anali atavula kale nsapato.

"Ndikutsatani lero, malume. Ndikufuna ndione njira ndisanatenge alendo anga mawa. Munayenda dzulo?"

"Ndinayenda."

"Galimoto yanu sindinaione kuno."

"Ndinabwera wapansi. Unalowa liti upolisi?"

"Nanga mtsinje wa Sélune uli pati?"

"Uli pomwe paja."

Ghislaine anayang'ana buluku lalitali limene malume ake anavala, munthu amene moyo wake wonse ankawoloka atavala kabudula.

Octave anatembenukira kwa alendo. "Nsapato m'chikwama. Mwatenga chiyani?"

"Buledi, tchizi, soseji ndi madzi," anatero bambo Delcourt. "Ndi kamera, achikulire. Ndikufuna odwala anga akaone kuti sindimangokhalira kuzula mano."

"Tili ndi maola anayi nyanja isanabwere. Ulendo ndi wa maola awiri ndi theka. Pamene ndaponda ine, pondani pomwepo."

Anadutsa nkhosa zimene zinkadya udzu wamchere, nalowa m'matope otuwa, ozizira ngati mpeni. Dokotala anaterereka kawiri, akuseka. Kenako mchenga unauma, wa mizeremizere yobaya kuphazi. Kutsogolo Phiri linkaoneka laling'ono, ndipo cha kumanja kunali thanthwe la Tombelaine. Octave ankaponda mwamphamvu dala, mano atalumana, kuti wapambuyo asaone kanthu.

Atayenda ola limodzi anapeza kamtsinje kolekeza m'akakolo. Pamalo amenewo, sabata yapitayo, panali pouma gwa. Octave anakaona, koma miyendo sinaime.

"Malume, kamtsinje aka kanalipo dzulo?"

"Kanalipo."

Bodza lachiwiri limatuluka mosavuta kuposa loyamba.

Anadya ali chiimire pamchenga, Sélune usanawolokedwe. Ndi pamenepo pamene dokotala anapempha chimene alendo onse amapempha.

"Achikulire, nanga gule uja? Wa pamchenga womeza? Tinauona pa kanema."

Wowolotsa aliyense ali ndi malo ake ochitira zimenezi. Amapondaponda mpaka mchenga utasungunuka, amatitimira pang'ono alendo akukuwa, kenako amawaonetsa katulukidwe kake. Malo a Octave anali pomwepo, mapazi makumi awiri kuchokera pamene anadyera. Ankawadziwa ngati bedi lake: mchenga wofewa wolekeza m'mawondo, pansi pake pouma.

"Ndichite ine lero, malume," anatero Ghislaine.

"Ndiwe unandiphunzitsa kodi? Gwira chikwama ichi."

Anayamba kupondaponda. Mchenga unanjenjemera ngati mimba ya ng'ombe, madzi nkutumphuka. Akakolo analowa. Akatumba analowa. Octave ankalankhula mawu ake a masiku onse, akudikira kuti phazi ligunde pouma.

Pouma panalibe. Mtsinje unali utadutsa pamenepo nthawi ya mkuntho, unakumba dzenje, nulikwirira ndi mchenga watsopano. Munthu woyenda Lachisanu akanaona.

Mchenga utamufika m'ntchafu anati, "Tsopano onani m'mene timatulukira." Anaweramira kutsogolo, nasolola mwendo wamanzere pang'onopang'ono, nagwadira. Atakoka wakumanja, bondo linalira kuti thwa, ndipo m'maso munachita mdima. Wamanzere uja unabwereramo. Mchenga unamugwira m'chiuno.

Dokotala ankawomba m'manja. "Huguette, taona nkhopeyo! Mdalayu akanakhala wa zisudzo!"

"Siyani kujambula, bambo," anatero Ghislaine. Mawu ake anali ozizira, ndipo kamera inatsika.

Chakunyanja chifunga chinali chitayamba kumeza Tombelaine. Ghislaine anatulutsa foni.

"Ukuimbira ndani?"

"Opulumutsa anthu. Helikopita ifike chifunga chisanatseke."

"Usaimbe."

"Malume..."

"Zaka makumi anayi ndi chimodzi, helikopita sinabwerepo chifukwa cha Lenoël. Ukufuna andikoke m'mwamba ngati thumba la mbatata, mudzi wonse ukuonerera? Ndinakunyamula pamapewa pamchenga uno usanamere mano. Bweza chinthucho m'thumba."

"Imbani, mayi," anatero a Huguette chapansipansi.

Ghislaine anayang'ana mlendoyo, nayang'ana malume ake. Anabweza foni m'thumba.

"Gonani chagada, malume. Mayi, agwireni mapewa, musakoke. Bambo, chotsani chivindikiro cha bokosi la chakudya, muzikumba apa. Mugone chamimba, musaime."

Anakumba. Mchenga unkabwerera pamene achotsa. Ghislaine analowetsa mkono wonse m'mbali mwa mwendo kuti madzi alowe amasule. Mwendo wamanzere unatuluka patatha theka la ola. Atafika kumanja, dzanja lake linakhudza bandeji ndi chotupa chija. Anaima. Nkhope zawo zinali pafupi ngati za anthu onong'onezana.

"Simunayende dzulo."

Silinali funso. Octave anayang'ana kumwamba, kumene kunalibe chooneka. Mutu wake unali pamiyendo ya mkazi wa mwini, mlendo amene anadalira mawu ake, ndipo mayiyo ankamupukuta mchenga kumaso ngati khanda. Akanakonda mchengawo ukanangomaliza ntchito yake.

Wakumanja unatuluka patapita ola lina lathunthu. Octave atayesa kuima, anagwa.

"Tithawire pathanthwe la Tombelaine paja," anatero dokotala, amene tsopano sankaseka.

"Pakati pali Sélune, ndipo sindikudziwa powolokera. Palibe akudziwa." Ghislaine ananena zimenezi osayang'ana malume ake. "Nyanja imayamba kukwera m'mitsinje. Tibwerera ku Genêts. Kwatsala ola limodzi. Tayani chilichonse cholemera. Bambo, muli ndi msana?"

"Ndimaweramira m'kamwa mwa anthu tsiku lonse."

"Ndiye aberekeni."

Chotero Octave Lenoël anabwerera ali kumsana kwa wozula mano wa ku Lille, miyendo ikulendewera. Chifunga chinatseka ponseponse. Mapazi awo a m'mawa anali atafufutika ndi madzi oyamba kuyenderera. Ghislaine ankatsogola akuyang'ana mapu pa kafoni kaja, kamene Octave ankakanyoza m'bala kuti ndi ndodo ya akhungu. Kawiri Octave anafuna kunena kuti, cha kumanzere pang'ono. Kawiri anatseka pakamwa, chifukwa sanadziwe ngati zinali zoona.

Anamva kamtsinje kaja asanakaone. Kanali katasanduka mtsinje weniweni, ndipo madzi ankathamangira kumtunda, mosemphana ndi m'mawa.

"Tsitsani malume. Tigwirane mikono. Ine kumene madzi akuchokera, kenako mayi, kenako bambo ndi malume. Musayang'ane madzi, muchita chizungulire. Muziyang'ana khutu langa."

Analowa. Madzi anafika m'mawondo, m'chiuno, kenako pachifuwa cha a Huguette, amene anali wamfupi. Pakatikati bondo la Octave linagonja. Anagwera pa dokotala, dokotala nataya mkono wa mkazi wake kuti agwire Octave. Mapazi a mayiyo anachoka pansi. Madzi anawapotoza, nawatsomphola m'dzanja la Ghislaine.

"Huguette!"

Ghislaine anadziponya. Anagwira lamba wa chikwama cha mayiyo, onse awiri namira, natumphuka patali mapazi khumi, namiranso. Octave anangoona mitu iwiri ikulowa m'chifunga, iye atakangamira khosi la mwamuna amene ankafuna kuthamangira mkazi wake koma sakanatha, chifukwa cha katundu amene anamukoloweka.

"Ndisiyeni, bambo! Pitani!"

"Khalani chete, mdala inu!" anakalipa dokotala, namukokera kutsidya, namuponya pamchenga ngati nkhuni.

Anawapeza chakumtunda, atagwada m'madzi osaya. A Huguette ankasanza madzi amchere. Mkono wamanzere wa Ghislaine unkalendewera molakwika kuchokera paphewa. Kamera inali itapita, chikwama chitapita.

"Imirirani," anatero Ghislaine. "Nyanja ikubwera."

Patali panamveka hutala ya galimoto, kulira katatu, kuleka, kuliranso katatu. A kugombe anali atawerenga nthawi. Anatsata kulirako, madzi akuwanyambita zidendene mpaka m'matope otuwa aja.

Anthu anawatengera m'bala ya pafupi ndi tchalitchi, nawafunditsa mabulangete, nawapatsa khofi wothira kachasu wa maapozi. Dokotala, mantha atamuchoka, pakamwa panatseguka.

"Anthu inu muli ndi ngwazi kuno! Mchenga unawameza mpaka m'chiuno, koma osalira ngakhale kamodzi! Pamtsinje akuti, ndisiyeni, pitani! Bondo kuthyokera pantchito, ndithu!"

A Huguette anagwira kapu ndi manja awiri, khofi akutayikira pabulangete chifukwa cha kunjenjemera.

Ghislaine anakhala pafupi ndi malume ake, mkono atauyika m'mpango, akudikira galimoto yopita kuchipatala ku Avranches. Analankhula motsitsa, kuti amve yekha.

"Foni inali m'manja mwanga. Ndinatchova juga ndi moyo wa mayi uja kuti dzina lanu lisade. Mlandu umenewo ndi wanga, ndiusenza. Koma sindidzabwerezanso, ngakhale mutandikumbutsa za mapewa anu."

Pomwepo Lucien Harivel, amene ankaliza hutala uja, anakoka mpando. Anali wowolotsa mnzake, mdani wake wa zaka makumi atatu.

"Pepa ndi bondolo, nkhalamba. Tsoka sasimba. Koma tandithandiza. Ghislaine wavulala, ndiye anthu ake a mawa ndiwatenga ine: makumi atatu, a mpingo wa ku Vire, ambiri ndi azigogo. Lero chifunga chandiletsa kuyenda. Iwe unayenda Lachisanu mpaka kutsidya. Sélune ndiwolokere pati?"

Onse amene amadya za mchenga anatchera khutu, pakuti mawu a amene wayenda ndiwo amayendera onse.

Yankho linali pamlomo, lokonzeka kale: pomwe paja. Ghislaine ankayang'ana pansi. Sakanamutsutsa pagulu, Octave anadziwa. Anayang'ana manja a mayi Huguette.

"Sindinayende."

"Wati chiyani?"

"Lachisanu ndinali m'nyumba. Bondoli silinathyoke lero, lakhala lotupa kuyambira Pasaka. Sindikudziwa kumene Sélune uli. Ndinatenga anthu awa osadziwa, ndipo ndinaletsa mwanayu kuimba foni."

Dokotala anatsitsa kapu yake pang'onopang'ono. Anasuntha mpando, nakakhala pafupi ndi mkazi wake, atafulatira.

Octave anadikira chipongwe cha Lucien. Chipongwe akanadziwa kuchiyankha, anali ndi mawu osungira tsiku lotere. Koma Lucien anangomuyang'ana kanthawi, nakanda chibwano, natembenuka.

"Ghislaine, iwe waona chiyani lero?"

Ghislaine anakankha makapu ndi dzanja lake labwino. Anaviika chala m'madzi, nayamba kujambula patebulo: gombe, Tombelaine, kamtsinje katsopano, dzenje lokwiririka. "Apa musayandikire. Sélune sindinauone, koma m'mene madzi amabwerera, ndikuganiza kuti wakhotera kuno. Mawa usatenge munthu, Lucien. Pita wekha ukauone."

Amuna onse anaweramira patebulopo, mapewa atagundana, mpaka Octave anatsala kunja kwa bwalo, ndi bulangete lake. Palibe anamuseka. Palibe anamuthamangitsa. Anasuzumira pakati pa zigongono zawo, akufunafuna pamene mwanayo walakwitsa, kuti anene kanthu.

Sanapapeze.